Nyama ya Nkhumba Imafuna Mphika Wodekha

Pa nyama zonse zimene zimagulitsidwa m'misika ya kumidzi, ya nkhumba ndiyo imene imadyedwa mothamanga koposa. Nkhumba imaphedwa m'mamawa, dzuwa likamafika paliwombo ili kale pachiwaya. Wogula amaloza nthuli imene yamukomera m'maso, naiviika mu mchere ndi tsabola, n'kudya ali chiimire. Kunja kwake nthuliyo imakhala yofiirira bwino ndi yonunkhira. Koma mutaing'amba pakati, kawirikawiri mudzapeza kuti m'kati mukadali mwamuwisi, mukutuluka timadzi ta magazi. Akuluakulu adati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Pa nyama ya nkhumba mwambiwu suli fanizo chabe, pakuti m'kati mwa nthuli yosapsa mutha kukhaladi kachilombo kamoyo.

M'nkhani ino tifuna kukufotokozerani, amayi ndi abambo, kaphikidwe kena ka nyama ya nkhumba kochokera kutali, ku dziko la China. Sitikutero chifukwa chakuti zachilendo zonse n'zabwino ayi. Tikutero chifukwa kaphikidwe kameneka kamachita zinthu ziwiri nthawi imodzi: kamafewetsa ndi kukometsa nyama yolimba, ndiponso kamapha tizilombo timene moto wa pachiwaya umatisiya tili moyo.

Kumene kaphikidweka kadachokera

Pafupifupi theka la nyama ya nkhumba yonse imene imadyedwa pa dziko lapansi imadyedwa ku China. Anthu a kumeneko akhala akuweta nkhumba kwa zaka zikwi zingapo, choncho ndi oyenera kuwamvera pa nkhani ya kaphikidwe kake. Njira imene imadziwika m'nyumba zambiri kumeneko amaitcha hong shao, ndiko kunena kuti kuphika kofiiritsa. Nyama amaidula nthuli zazikulu, naiika mu mphika pamodzi ndi shuga wopsereza pang'ono, jinja, sosi wa soya ndi madzi ochepa, kenaka amavundikira n'kuisiya pa moto wochepa kwa ola limodzi ndi theka kapena maola awiri. Ikapsa imakhala yofiirira ngati tiyi wopanda mkaka, ndipo imafewa kotero kuti ngakhale agogo opanda mano amadya nawo.

Mu mzinda wa Hangzhou muli ndiwo ina ya mtundu womwewu yotchedwa Dongpo. Dzinali ndi la Su Dongpo, mlakatuli ndi mkulu wa boma amene adakhala ndi moyo kuyambira 1037 mpaka 1101. M'chaka cha 1080 adathamangitsidwira ku Huangzhou atayambana ndi akuluakulu a ufumu, ndipo kumeneko, ali waumphawi, adazolowera kuphika nyama ya nkhumba yotsika mtengo pa moto wochepa. Maiko oyandikana nawo ali ndi njira zawozawo. Ku Philippines ali ndi adobo, imene amathiramo viniga ndi adyo wambiri. Ku Vietnam amaphika nyamayi ndi madzi a kokonati ndi mazira owiritsa, makamaka pa chikondwerero cha chaka chatsopano. Zokometsera zimasiyana, koma chinsinsi chake n'chimodzi: chivundikiro, moto wochepa ndi nthawi yokwanira.

Ku China amakonda kwambiri nyama ya pamimba, ya mizeremizere ya mafuta. Ife tikulangizani nyama ya paphewa, ndiye kuti mnofu wa kumtunda kwa mwendo wakutsogolo. Mafuta ake ndi ochepa poyerekeza ndi a pamimba. Komanso phewa ndi chiwalo chimene nkhumba imagwiritsa ntchito tsiku lonse poyenda ndi pofukula nthaka, choncho mnofu wake uli ndi timitsempha toyera tambiri tolimba. Mukauotcha mofulumira timitsemphati timakhwinyata, ndipo nyama imalimba ngati chingwe cha mlaza. Koma mukauphika pang'onopang'ono m'madzi, timitsempha tomwe tija timasungunuka n'kusanduka msuzi wonanda umene umamata milomo. Palibe njira yachidule pamenepa. Kusonkhezera moto sikufulumizitsa kufewa, kumangoumitsa madzi ndi kupsereza mphika.

Chimene chimabisala mu mnofu

Tsopano tifike pa chimene chatichititsa kulemba za ndiwo m'magazini ya zaumoyo. Anthu ambiri amene adaphapo nkhumba adaonapo timatuza toyera m'kati mwa mnofu, tofanana ndi njere ya mpunga wophika kapena kukulirapo pang'ono, tokhala ndi timadzi ndi kadontho koyera pakati. M'madera ena amatitcha masese. Kathuza kalikonse ndi mwana wa njoka ya m'mimba yophwatalala ngati lamba, imene madokotala amaitcha Taenia solium, ndipo kadontho koyera kaja ndiwo mutu wake. Timatuzati timakonda kukhala pa lilime, m'masaya, mu mtima ndi paphewa. N'chifukwa chake woyeza nyama akafika pophera nkhumba amacheka malo amenewa ndi mpeni wake.

Munthu akadya nyama yosapsa yokhala ndi kathuza kamoyo, kamutu kaja kamatuluka n'kudzikoleka ku matumbo ake. Pakapita miyezi iwiri kapena itatu kamakhala katakula kukhala njoka yotalika mamita 2 mpaka 4, nthawi zina kuposerapo. Chodabwitsa n'chakuti mwini wake kawirikawiri samva kanthu, mwina kupotokola m'mimba pang'ono chabe. Njokayo imaduka zidutswa kumchira kwake zimene zimatuluka pamodzi ndi chimbudzi, ndipo m'kachidutswa kamodzi mutha kukhala mazira okwana 50,000, osaoneka ndi maso. Ngati munthuyo amadzithandiza kutchire, ndipo nkhumba za m'mudzimo zimangoyendayenda, nkhumba zimadya chimbudzicho. Mazira amaswa m'mimba mwa nkhumba, tiana take timalowa m'magazi n'kukakhazikika mu mnofu. Apo ulendo wayambanso.

Pakadakhala kuti nkhani yathera pomwepa, bwenzi tikuti ndi njoka monga njoka zina zonse za m'mimba. Koma pali chinthu china choopsa chimene tifuna kuti muchimvetse bwino, chifukwa anthu ambiri amachisokoneza. Mazira aja sasankha kuti alowe mwa nkhumba yokha. Munthu naye atha kuwameza: kuchokera m'manja osasamba a mwini njokayo, m'madzi a pachitsime chosatetezedwa, kapena pa masamba ndi zipatso zosatsuka. Zikatero thupi la munthuyo limachita zomwe limachita thupi la nkhumba. Timatuza timamera pansi pa khungu, mu mnofu, m'maso, ndiponso mu ubongo. Tikakhala mu ubongo timayambitsa litsipa losatha, ndipo koposa zonse timayambitsa khunyu, nthawi zina patapita zaka zingapo chimezereni mazirawo. Bungwe loona zaumoyo pa dziko lonse la WHO limati m'madera ambiri kumene njokayi ndi yofala, mwa anthu 10 alionse odwala khunyu, pafupifupi atatu adayamba kudwala chifukwa cha timatuza timeneti. Kum'mawa kwa Zambia ndi ku Angonia m'dziko la Mozambique, kumene ndi kufupi ndi malire athu ndiponso kumene nkhumba zimawetedwa monga momwe timawetera ife, ofufuza adapeza timatuzati mwa nkhumba zambiri.

Tsono onani kusiyana kwake. Nyama yosapsa imapatsa munthu njoka ya m'matumbo. Chimbudzi cha munthu wa njokayo ndicho chimapatsa ena khunyu. Ndiye kuti bambo amene amadya kanyenya wosapsa pamsika ndiye amabweretsa njokayo pakhomo, koma amene angadzagwe khunyu atha kukhala mkazi wake kapena mwana wake amene sadalaweko n'komwe. Ngakhale abale athu amene sadya nyama ya nkhumba chifukwa cha chipembedzo sali kunja kwa ngoziyi. M'chaka cha 1992 madokotala a ku New York adalengeza kuti adapeza matendawa mu ubongo wa anthu a m'mabanja a Chiyuda amene sakhudza nyama ya nkhumba ngakhale pang'ono. Atafufuza adaona kuti mazirawo ayenera kuti adabwera ndi anthu ogwira ntchito m'nyumba zawo, ochokera ku maiko kumene njokayi ndi yofala.

Tinene pano, popeza tatchula khunyu, kuti matendawa sapatsirana pomugwira wodwala kapena pokhudza thovu la kukamwa kwake. Munthu akagwa, muchotseni pafupi ndi moto kapena madzi, mugonekeni cham'mbali, musamuike kanthu m'kamwa, ndipo akatsitsimuka mupite naye kuchipatala. Mankhwala oletsa kugwa alipo. Nayenso amene waona tizidutswa toyera tophwatalala m'chimbudzi chake asachite manyazi, akanene kuchipatala. Mankhwala opha njokayi aliponso, koma ndi adokotala amene ayenera kusankha ndi kupereka, osati kugula pa okala.

Kugula nyama

Moto umapha timatuzati. Nyama ikatentha mpaka m'kati mwenimweni kufika madigiri 70, palibe kathuza kamene kamapulumuka, ndipo mphika wobwata umatentha kuposa pamenepo. Mchere, utsi ndi dzuwa sizodalirika pa ntchito imeneyi, choncho nyama yowamba kapena yoyanika iyeneranso kuphikidwa mokwanira. Koma pasakhale wina womva molakwa n'kumati tsopano nyama ya masese ndi yololedwa bola aiphike maola awiri. Ayi. Nyama imene timatuza tikuonekeratu ndi yoyenera kutenthedwa kapena kukwiriridwa m'dzenje lakuya, ngakhale wogulitsa atatsitsa mtengo chotani. Kuphika kwa nthawi yaitali ndi kwa nyama imene ikuoneka yabwino, pakuti woyeza nyama amangocheka malo ochepa, ndipo nkhumba yokhala ndi timatuza towerengeka itha kudutsa pamaso pake osadziwika. Ngakhalenso ogula nkhumba zamoyo amene amasuzumira kunsi kwa lilime amangogwira zokhazo zimene zili ndi timatuza tochuluka.

Gulani nyama ya nkhumba imene yaphedwa tsiku lomwelo ndipo yayezedwa ndi alangizi a ziweto kapena a zaumoyo. Pemphani wogulitsa kuti acheke mnofuwo mozama inu mukuona. Nyama ya nkhumba yofa yokha musaigule, ndipo musaiyendetse kupita nayo mudzi wina. Chigodola cha nkhumba sichigwira anthu, koma nyama yotere ndiyo imachifalitsa m'makola, ndiponso inu simungadziwe chenicheni chimene chapha chiwetocho.

Mphika pamoto

Kilogalamu imodzi ya nyama ya paphewa ikwanira anthu asanu ndi mmodzi kapena kuposerapo. Iduleni nthuli zazikulu ngati bokosi la machesi. Ngati ili ndi chikopa chake chopalidwa bwino, chisiyeni, pakuti ndicho chimanandiritsa msuzi. Mukatha kudula, tsukani mpeni ndi thabwa lodulirapo ndi sopo, ndipo musambe m'manja musanakhudze tomato kapena china chilichonse chodyedwa chachiwisi.

Choyamba chimene amachita ku China, chomwe ife sitidachizolowere, ndi kuika nyamayo m'madzi ozizira n'kuitereka pamoto mpaka iwire kwa mphindi zitatu kapena zisanu. Pamwamba pamayandama thovu lotuwa la magazi. Madzi amenewo atayeni, nthulizo muzitsukuluze ndi madzi abwino n'kuzisiya zikhe. Ena adzadandaula kuti tikutaya msuzi. Umene ukutayikawo ndi wochepa, ndipo fungo la nkhumba limene anthu ena amanyansidwa nalo limapita ndi thovulo.

Kenaka tsukani mphikawo, muuumitse, muthiremo supuni yaikulu imodzi ya mafuta ophikira ndi masupuni aakulu awiri a shuga. Moto ukhale wochepa. Takasani mpaka shuga asungunuke n'kusanduka wofiirira ngati uchi. Apa pafunika maso, chifukwa kuchoka pa kufiirira kufika pa kuda ndi kanthawi kochepa kwambiri, ndipo shuga wakuda amawawa. Ana akhale patali, pakuti shuga wosungunuka amatentha kuposa madzi owira ndipo amamatirira pakhungu. Akangofiirira, ikanimo nyama ija mosamala n'kuitembenuza mpaka nthuli iliyonse itenge mtundu. Onjezani jinja wotalika ngati chala chachikulu wodulidwa mopyapyala, adyo tizidutswa tinayi tophwanya, anyezi mmodzi, ndi masupuni aakulu atatu a sosi wa soya. Pomaliza thirani madzi otentha ongokwanira kumiza nyamayo, osapitirira.

Sosi wa soya ndi madzi akuda amchere amene amapangidwa posasitsa soya, tirigu ndi mchere kwa miyezi ingapo. Amagulitsidwa m'mabotolo m'masitolo a m'tauni, ndipo si chinthu chimodzi ndi nyama ya soya ya m'mapaketi ija. Ngati simungamupeze musagwe mphwayi. Mtundu wofiirira umachokera kwenikweni ku shuga uja, choncho m'malo mwa sosi thirani supuni yaing'ono ya tiyi imodzi ya mchere wa ayodini, yosasefukira. Ku China amaponyamonso kambewu kooneka ngati nyenyezi kotchedwa star anise, kakhungwa ka sinamoni, ndi vinyo wa mpunga wa ku Shaoxing. Zimenezi n'zokometsera chabe, ndipo kusowa kwake sikuononga ndiwo. Kachasu asalowe m'malo mwa vinyoyo. Supuni imodzi ya viniga kapena madzi a mandimu imakwanira kuchepetsa kunona. Chinthu chimodzi chimene iwo amachisunga mosamala pamene ife timangotaya ndi makoko a manachesi. Amawayanika mpaka aume gwa, ndipo kachidutswa kamodzi kamanunkhiritsa mphika wonse. Nyengo ya manachesi a ku Mwanza ikafika, tsukani makoko angapo, muwayanike pathandala n'kuwasunga m'botolo louma.

Mphika ukawira, phulani nkhuni zina kuti patsale makala ndi chikuni chimodzi, kenaka vundikirani. Madzi azingobwata pang'onopang'ono, osati kuwira mogaduka. Nthawi ndi nthawi suzumiranimo, mutembenuze, ndipo ngati madzi aphwa onjezani otentha pang'ono. Amayi ena adzafunsa za nkhuni, ndipo funsolo ndi loyenera masiku ano pamene mitengo yatha m'mapiri. Yankho lake n'lakuti nyamayi sitenga nthawi yoposa imene nyemba zouma zimatenga, ndipo moto wake ndi wocheperapo. Pa chitetezo mbaula kapena pa mbaula ya makala, nkhuni kapena makala ochepa amafikitsa ntchitoyi kumapeto. Mphika wadothi ndi wabwino koposa sefuliya yopyapyala chifukwa umasunga kutentha. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Pakatha ola limodzi ndi theka, tengani nthuli yaikulu koposa zonse muikanikize ndi supuni. Ikang'ambika yokha popanda mpeni, ndiye kuti yapsa. Ikakana, ipatseni theka lina la ola. Zindikirani kuti sosi ndi shuga zimadetsa kunja kwa nyama msanga, choncho mtundu wakunja suli umboni wakuti yapsa. Umboni uli m'kati: musakhale mofiira kapena motuluka magazi, makamaka pafupi ndi fupa. Ikapsa chotsani chivundikiro, muyengule ndi supuni mafuta oyandama pamwamba, ndipo muwiritse kwa mphindi zochepa kuti msuzi ulimbe.

Mchere, mafuta ndi zotsala

Tikadakhala osakhulupirika tikadatamanda ndiwo imeneyi osatchula mbali yake yofunika kusamala. Bungwe la WHO limalangiza kuti munthu wamkulu asafike magalamu 5 a mchere pa tsiku, ndiye kuti supuni yaing'ono ya tiyi imodzi, kuwerengera zakudya zonse za tsikulo. Mu supuni yaikulu imodzi ya sosi wa soya muli mchere woposa magalamu awiri. Masupuni atatu aja akagawidwa kwa anthu asanu ndi mmodzi palibe vuto, koma mukathiramonso mchere wa m'manja ndi timakyubu tokometsera ndiwo, mwapyola muyeso. Sankhani chimodzi: sosi kapena mchere. Amene ali ndi matenda othamanga magazi atapeko msuzi pang'ono chabe, ndipo odwala shuga aphikiridwe ndi supuni imodzi ya shuga m'malo mwa awiri. Ku China komweko ndiwo imeneyi saidya yokha. Munthu amatenga nthuli ziwiri kapena zitatu, mbale yake n'kudzaza ndi mpunga ndi masamba. Nafenso tiike pambali pake mpiru, chayinizi kapena nkhwani zophika popanda mafuta ambiri, kaya tikudyera nsima kaya mpunga.

Kufewa kwa nyamayi kuli ndi phindu lina. Mwana amene wakwanitsa miyezi isanu ndi umodzi ndipo wayamba kudya phala amafunika zakudya zochokera ku nyama, koma nthuli za pachiwaya sangazithe. Tengani kachidutswa ka mnofu wa m'kati, kopanda chikopa ndi msuzi wamchere uja, mukanyenye bwinobwino n'kusakaniza ndi phala lake. Amayi oyembekezera nawonso adye nawo, chifukwa nyama imathandiza kuonjezera magazi. Mwambo woti nthuli zonse zazikulu zipite m'mbale ya abambo, ana n'kutsala ndi msuzi wokha, ulibe phindu pa thanzi la banja.

Kumene kulibe firiji phikani yongokwanira tsikulo. Nyama yophika ikakhala poyera maola oposa awiri nyengo yotentha, tizilombo tina toyambitsa kutsekula m'mimba timayamba kuswana, ngakhale fungo lisanasinthe. Ngati yatsala masana kuti idyedwe madzulo, ikhale yovundikira pa makala kuti isazizire, ndipo iwiritsidwenso mpaka ibwate yonse isanagawidwe. Imene yagona usiku wonse yozizira n'kuyamba kuchita thovu kapena kununkha mosasa itayidwe, pakuti pali poizoni wina wa tizilomboti amene satha ndi moto.

Mphika wodekha umateteza amene akudya nyamayo kuti njoka isamere m'matumbo mwawo. Sungaphe mazira amene ali kale m'nthaka ya m'mudzi, m'madimba kapena m'zikhadabo za wophika. Ntchito imeneyo ndi ya chimbudzi chokhala ndi chitseko ndi chivundikiro chimene aliyense pakhomo, ndi ana omwe, amachigwiritsa ntchito. Ndi ya mpondagiya wokhala ndi sopo kapena phulusa pakhomo pa chimbudzicho. Ndiponso ndi ya khola lolimba limene nkhumba zimakhalamo chaka chonse, osati nyengo ya dzinja yokha pamene eni ake akuopa milandu ya m'minda. Nthawi yokolola ikatha ndi pamene nkhumba zambiri zimatsekulidwa kuti zikadzifunire chakudya, ndipo ndi nthawi yomweyo pamene zimakumana ndi zonyansa za kuseri kwa nyumba. Amene mukuweta nkhumba, sungani madeya ndi zotsalira za m'munda pokolola, kuti miyezi ya chilimwe muzidyetsere m'khola momwemo.